Mutu 6: Wogwira Chingwe Satsika

1. Geti limodzi

Fakitale imene Mzime ankagwirako ntchito inayamba ngati masewera. Akuti poyamba inali shedi ya malata chabe, thanki imodzi, ndi anthu oti ukhoza kuwawerenga ndi zala. Ankapanga guluu womatira nsapato, basi. Koma guluuyo anagwira, mbiri inapita patali, ndipo abwana anaona kuti apa pali kudya. Anayamba kupanga vanishi, kenako mankhwala osakaniza mu penti kuti mtundu usasuluke, kenakonso mankhwala othira mu simenti kuti khoma lisamamwe madzi. Malole anayamba kufola pageti kuyambira m'mawa, ena ochokera kunja kwa dziko.

Chaka chimenecho anamanga holo yatsopano kuseri, yaitali, ya mathanki onyezimira. Alendo akabwera ankawatengera kumeneko kuti akagome. Holo yakale, kumene kunali Mzime, inasanduka mwana wopeza. Chilichonse chabwino chinkasamukira ku holo yatsopano, mababu owala, mapaipi osadontha, ngakhale tsache lenilenilo. A ku holo yakale ankangouzidwa kuti apirire, zawo zili m'njira.

Mzime anali mtsikana wongomaliza kumene sukulu. Anali wotsiriza kubadwa kwawo, ndipo dzinalo linamumatirira kuposa guluu wa pafakitalepo. Ntchitoyi anamupezera ndi mchimwene wake, amene aliyense ankamutcha Wayilesi. Dzina limeneli silinali lomunamizira ayi. Munthuyo ankaimba posamba, poyenda, ngakhale chakudya chili m'kamwa, ndipo nyimbo zake ankangopeka pomwepo, zogemula aliyense amene wadutsa. Bambo awo atamwalira, iye ndiye anasiya sukulu kuti Mzime apitirize yake. Nkhani imeneyi mwini wake sankaitchula, koma amayi awo ankamukumbutsa Mzime tsiku ndi tsiku.

Wayilesi anali ndi mnzake wa ponda apa nane mpondepo, mnyamata wamtali, wowonda, wosachedwa kuyaka. Ameneyu ankatchedwa Machesi. Kwawo kunali kutali, choncho anangodzikhazika m'nyumba ya amayi a Wayilesi. Anali ndi kapu yakeyake pa shelefu, ndipo amayi ankamukalipira mofanana ndi ana awo obereka okha.

Tsiku limene Mzime ankayamba ntchito, amayi anamuimitsa pakhomo. Anamupindira manja a ovololo, imene inali yomukulira, kwinaku akuyankhula.

"Tamvera, mwana wanga. Ine ana amene ananditsalira ndinu awiri. Tsopano nonse muzikalowa geti limodzi, kumalo kumene ngakhale zovala zimabwerako zikununkha matenda. Zimene mumasakaniza kumeneko sindizidziwa, ndipo sindifuna kuzidziwa. Langa ndi limodzi, muziyang'anirana. Mchimwene wako akapunthwa, iwe ukhale woyamba kumugwira. Akagwera m'dzenje, usayambe wafunsa kuti dzenjelo n'lakuya bwanji. Anzake akhoza kuthawa, abwana akhoza kulemba wina mawa lake, koma chibale ndi fupa, sichiola. Iye sanakuwerengere pamene ankataya sukulu yake. Nawenso usadzamuwerengere."

Mzime anavomera, natsatira mchimwene wake amene anali atafika kale pamsewu, akuimba.

2. Lamulo la a Nkhalakale

Pa ntchito zonse za mu holo yakale, yodedwa kwambiri inali yopala thanki. Akamaliza kusakaniza guluu, zotsalira zinkaumira m'makoma mwa thanki ndi pa mapiko achitsulo osakanizira amene anali pansi pake. Asanathiremo mankhwala a mtundu wina, munthu ankayenera kulowamo ndi chopalira.

Thankiyo inali yakuya kuposa kutalika kwa nyumba. Khomo lake linali kumwamba, kabowo kongokwana mapewa a munthu mmodzi, ndipo kuti ufikeko unkakwera masitepe mpaka pa nsanja yachitsulo. Wolowa ankatsika pa makwerero a m'kati atamanga lamba pachifuwa, lambayo ali ndi chingwe. Pamwamba pankatsala munthu wina atagwira chingwecho, belu lili pafupi ndi dzanja lake.

Panalinso chizolowezi china chimene sichinalembedwe paliponse. Wolowa mu thanki ankayenera kuimba kapena kuyankhula osalekeza, kuti wapamwamba adziwe kuti mutu wake ukadali bwino. Amanyazi ankangotchula mayina a abale awo, kuyambira agogo mpaka adzukulu, akamaliza n'kuyambiranso. Wayilesi yekha ndiye ankaikonda ntchitoyi. Ankati mu thanki mawu ake amamveka ngati a munthu wotchuka.

Mzime atagwira miyezi ingapo yomata mapepala pa zitini, anamusankha kuti akhale wogwira chingwe. Womuphunzitsa anali bambo wina waimvi amene anayamba ndi fakitaleyo ikadali shedi, ndipo onse ankangoti a Nkhalakale. Mphuno yawo inafa kalekale chifukwa cha mankhwala. Ukanatha kuwotcha tayala kumbuyo kwawo iwo osatembenuka. Anamukweza Mzime pansanja, namukhazika pambali pa khomo la thanki.

"Ntchito yakoyi ikuoneka yaulesi," iwo anatero. "Anzako azikuseka kuti ukulipidwa chifukwa chokhala pansi. Asiye aseke. Mpweya wa mankhwala awa ndi wolemera. Sukwera m'mwamba ngati utsi, umakhazikika pansi pa thanki ngati madzi. Ukaupuma koyamba umanunkha. Ukaupumanso mphuno imatopa, ndiye umayesa kuti wachoka. Pamenepo munthu amayamba kuseka zopanda pake, lilime limalemera, miyendo imalobodoka. Samva kuwawa ayi. Amangogona.

"Tsono imva ichi, ndipo uchimve ndi makutu onse awiri. Nyimbo ikasiya, uliza belu, ukoke chingwe, ukuwe. Koma usatsike. Akhale mnzako, akhale abwana, akhale bambo ako okubereka, usatsike. Ine ndinaona ndi maso angawa, kumene ndinkagwira ndisanabwere kuno, thanki imodzi itameza anthu atatu. Woyamba anagwa. Wachiwiri anatsika kukamutenga. Wachitatu anatsika kukatenga awiriwo. Onse anali anthu a mtima wabwino, ndipo palibe amene anatsala pamwamba kuti alize belu. Tinawapeza nthawi ya chakudya, ataunjikana pansi pa makwerero. Thanki sidziwa chikondi, mwanawe. Otsika ndi okhawo amene abereka mabotolo a mpweya kumsana. Wogwira chingwe satsika."

Mzime anafunsa kuti nanga wogwayo akakhala mchimwene wake. A Nkhalakale anamuyang'ana nthawi yaitali, kenako anati lamuloli analiikira tsiku lotero kumene, chifukwa pa munthu wachilendo palibe amene amavutika kulisunga.

Mzime anati wamva, monga amanenera ana onse akauzidwa zinthu zimene sayembekeza kuti zingadzawachitikire. Kunyumba sanawauze amayi kuti mawu awo atsutsidwa.

3. Fani yapita kwina

Tsiku la tsokalo linayamba ndi kulira kwa hutala. Lole yaikulu inali itaima pageti kuyambira m'bandakucha, ikudikira vanishi amene anali asanapangidwe n'komwe. Vanishiyo anayenera kusakanizidwa mu thanki ya mu holo yakale, ndipo thankiyo inali ikadali ndi guluu wouma.

Mwa lamulo, thanki isanalowedwe ankaikamo paipi ya fani yaikulu kuti ipemerere mpweya wabwino kwa nthawi yaitali. Akatero ankatsitsiramo kachipangizo kena pa chingwe, kamene kankalira mpweya ukakhala woipa. Koma m'mawa umenewo fani ndi kachipangizoko zinali zitapita ku holo yatsopano, kumene ankayesa thanki ina yongofika kumene. A Nkhalakale nawonso anali ataitanidwa komweko kuti akaphunzitse anyamata ongolembedwa.

Woyang'anira holo yakale, a Kapitawo, sanali munthu woipa. Kungoti foni yawo inali italira kambirimbiri chifikireni, ndipo nthawi iliyonse akaiyankha ankapukuta thukuta. Anakwera pansanja, nasuzumira mu thanki, nanunkhiza kawiri. Ananena kuti chivundikiro chagona chotsegula usiku wonse, mpweya watuluka wokha, ndipo iwo sakumva fungo lililonse. Anaiwala, kapena anafuna kuiwala, kuti tsoka silinunkha.

Sanalamule munthu kuti alowe. Anangonena, akuyang'ana kudenga, kuti mwezi wamawa azisankha anthu osamukira ku holo yatsopano, ndipo amene amathandiza zinthu zikavuta iwo samuiwala.

Mawu amenewa anagwera pa Wayilesi. Mkazi wake anali woyembekezera, ndipo ku holo yatsopano kunali malipiro abwinoko, mpweya wabwinoko. Anayamba kumanga zingwe za nsapato zake.

Mzime anamuyandikira, nayankhula chapansipansi kuti anthu asamve.

"Achimwene, bwanji tidikire fani?"

Wayilesi anaseka, namugogoda pa chipewa. Anati thanki imeneyi anayamba kuipala Mzime akadali ndi mamina pamphuno, ndipo amaidziwa ngati thumba la buluku lake. Anawonjeza kuti akatuluka amwa mkaka wake ndi wa Mzime womwe, zonse zitsukika. Pafakitalepo ankagawa mkaka powerukira, ndipo anyamata ankakhulupirira kuti umatsuka poizoni m'thupi. A Nkhalakale anali atatopa n'kuwauza kuti mkaka umapita m'mimba, mpweya umapita m'mapapo, ndipo njira ziwirizi sizikumana.

Apa ndi pamene Mzime analakwa, tisabise. Akanatha kukana kugwira chingwe, ndipo popanda wogwira chingwe palibe akanalowa. Akanatha kuthamangira ku holo yatsopano kukaitana a Nkhalakale. Koma kuuza mkulu wako kuti ayi pamaso pa anthu, mkulu amene anakupezera ntchito, n'kolemera kuposa mgolo wodzaza. Anatenga chingwe.

Wayilesi anavala kansalu kotchinga fumbi pamphuno, namanga lamba, natsika. A Kapitawo anaona kuti zayenda, ndipo anathamangira kugeti kukapepesa dalaivala. Ena onse anali panja, akugubuduza migolo. Mu holo munatsala anthu awiri okha, wina pamwamba, wina pansi.

Nyimbo inayamba. Yoyamba inali ya mimba ya a Kapitawo, imene akuti imafika pamsonkhano eni ake akadali pakhomo. Yachiwiri inali ya miyendo ya Machesi. Chopalira chinkalira motsatira nyimbo, ndipo chingwe chinkagwedezeka m'manja mwa Mzime nthawi iliyonse mchimwene wake akasuntha.

Patapita kanthawi, chingwe chinasiya kugwedezeka, koma nyimbo inali ikupitirira. Mzime anaunika ndi tochi. Wayilesi anali atavula lamba, n'kumuika pansi. Chimenechi chinali chizolowezi cha anyamata ambiri akuluakulu akachokapo, chifukwa chingwe chinkakola m'mapiko aja n'kumachedwetsa ntchito.

"Achimwene, mangani lamba."

Iye anayankha ndi nyimbo, yoti womangidwa chingwe ndi mbuzi, ndipo iye mbuzi sali. Mzime anafuna kukwiya, koma anapezeka akuseka.

4. Nyimbo yasiya

Nyimbo ya mbuziyo inabwerezedwa. Inabwerezedwanso, koma tsopano mawu ankatuluka mokokeka, ngati a munthu amene wachokera ku mowa. Kenako Wayilesi anaseka yekha, kuseka kwautali kopanda nthabwala. Chopalira chinagwa, chinalira pa chitsulo, ndipo mu thanki munangoti zii.

Mzime anaitana. Anaitananso. Ataunika, anamuona atakhala pansi, atatsamira khoma, mutu utagwera pachifuwa ngati munthu amene wagona m'basi. Anakoka chingwe ndi mphamvu zake zonse, ndipo anatsala pang'ono kugwa chagada chifukwa chinali chopepuka. Lamba anatulukira pakhomo la thanki ali yekha.

Sanaganize kanthu. Anangopeza mwendo wake uli kale m'kati, phazi litaponda chitsulo choyamba cha makwerero. Mchimwene wake anali pomwepo, pafupi, woti ukatsika pang'ono wamugwira. Mawu a amayi anali m'makutu mwake, akuti usafunse kuti dzenjelo n'lakuya bwanji. Fungo lotsekemera linamukwera m'mphuno, mutu unayamba kupepuka.

Anatembenuka kuti aone ngati pali wina woti amusiyire belu. Holo yonse inali mbee, munalibe munthu. Akatsika, pamwamba sipatsala aliyense.

Mzime anatulutsa mwendo wake. Anagwira belu n'kuliliza, akulira, akukuwa, mpaka dzanja linachita dzanzi.

Woyamba kufika anali Machesi. Anakwera masitepe awiriawiri, nasuzumira mu thanki, kenako anamuyang'ana Mzime ndi maso ofiira.

"Ukudikira chiyani?"

"Musatsike, achimwene. A mabotolo akubwera, amva belu."

"Ndi mchimwene wako ameneyu, iwe. Wa mimba imodzi."

Mzime anamugwira ovololo ndi manja onse. Anamuuza zimene a Nkhalakale ananena, za anthu atatu aja, koma mawu ankatuluka mosokonekera, ndipo Machesi sanali munthu womvera nkhani pamene mnzake ali pansi. Machesiyo anati agwira mpweya m'chifuwa, atsika n'kukwera nthawi yomweyo. Anamukankhira kumbali. Mzime anatola lamba n'kumutambasulira kuti angomanga kokha, koma mutu wa Machesi unali utalowa kale.

Zotsatirazo Mzime anaziona zonse ndi tochi ili m'manja. Machesi anafika pansi, namunyamula Wayilesi paphewa. Anali ndi mphamvu mnyamata uja, ngakhale anali wowonda. Anayamba kukwera naye. Koma munthu wonyamula katundu sangagwire mpweya, thupi limaufuna lokha. Anapuma kamodzi, kawiri. Anayang'ana kumwamba ngati akufuna kunena kanthu, kenako zala zake zinatseguka. Anagwa chagada, mutu wake n'kumenya pa phiko lachitsulo. Phokoso lake Mzime sanadzaliiwale.

Pamenepo n'kuti nsanja itadzaza anthu. Mnyamata wina anayamba kuvula chipewa kuti naye atsike. Mzime anamutsekereza. Anagona chafufumimba pakhomo la thanki, nagwira zitsulo za mbali zonse, nanena kuti wofuna kulowa ayambe wamuponya iye pansi. Anamukoka miyendo, iye osasiya. Anamutukwana. Wina anati mtima wake ndi wa mwala, wina anati ndi mfiti yofuna kudya m'bale wake. Iye anangotseka maso, nagwiritsa.

Anadzuka pokhapokha atamva mawu a a Nkhalakale. Anafika ndi amuna awiri obereka mabotolo a mpweya, ena akukoka fani ija pambuyo. Mzime anawauza mwachidule kuti muli anthu awiri, onse alibe lamba, wamtali wavulala m'mutu ndipo wagona pa mnzake pansi pa makwerero.

Anayamba kutulutsa Machesi chifukwa ndiye anatseka njira. Atamugoneka pansanja, anthu aja anasiya kutukwana. Kenako anatulutsa Wayilesi, milomo itada, koma chifuwa chikusuntha pang'onopang'ono.

Ambulansi inafika msanga, koma inaima kunja kwa geti ikulira. Lole ija inali itatseka polowera, ndipo panatenga nthawi kuti dalaivala aibwezere m'mbuyo.

5. Pa benchi

Kuchipatala anawauza kuti adikire pakhonde. Dzuwa linali litapendeka pamene amayi anafika, akuthandizana ndi mlamu wake wa Mzime, mkazi wa Wayilesi, amene ankayenda atagwira chiuno. Mbiri inali itawapeza kale panjira. Mbiri yoipa ili ndi miyendo, ndipo siyenda yokhayokha, imatola zina. Anali atamva kuti Machesi anatsika kukapulumutsa mnzake, pamene mlongo wake wa munthu anagona pakhomo n'kumaletsa anthu.

Dokotala anatuluka, nafunsa abale. Ananena kuti mnyamata wamtali uja anafika atatsirizika kale. Winayo ali moyo, amuika pa makina othandiza kupuma, ndipo zotsala n'kudikira.

Amayi analira Machesi monga mmene munthu amalirira mwana wake. Ankamutchula dzina, akufunsa kuti akawauza chiyani makolo ake, akufunsa kuti kapu yake ija azimweramo ndani. Mzime sanathe kulira. Anakhala kumapeto kwa benchi, akadali mu ovololo yonunkha guluu.

Kulira kutachepa, amayi anapukuta nkhope, natembenukira kwa iye.

"Iwe unali pati?"

"Pamwamba, amayi."

"Unamuona mchimwene wako atagwa?"

"Ndinawaona."

"Ndiye wotsika wakhala mwana wa eni ake."

Sanakweze mawu. Akanakuwa, kapena kumumenya, mwina zikanapepukako. Anangokoka nsalu yawo kuti isamukhudze, nasunthira kufupi ndi mpongozi wawo.

A Nkhalakale anali ataima chapatali, chipewa chili m'manja. Anayandikira, nagwada pang'ono mwaulemu, napempha kuti ayankhuleko.

"Mayi, pepani, ine ndi amene ndinamuphunzitsa mwanayu. Ndikudziwa kuti lero si tsiku la mawu, koma ndikapanda kunena, anthu akuuzani zawo. Mu holo muja munalibe munthu wina. Mwana wanuyu akanatsika, belu silikanalira. Bwenzi ife tikadali ku holo yatsopano mpaka masana, ndipo bwenzi inu mukulira ana anu onse awiri, kuwonjezapo aliyense amene akanawatsatira. Mnyamata wanu akupuma m'chipinda umo chifukwa mlongo wake anatsala pamwamba. Uja amene ankavula chipewa akagona kwawo lero chifukwa mwanayu anagona pakhomo. Malemuyu anali wolimba mtima, ndipo palibe angamuchotsere ulemu wake. Koma kutsika n'kosavuta, mayi, mtima umakukankha wokha. Chovuta n'kuima pamwamba ukumuona m'bale wako, anthu akukutukwana. Ine ndakalamba ndi ntchito imeneyi, ndipo amene ndawaona akuchita zimenezi ndi ochepa."

Amayi anamvetsera mpaka kumapeto, chifukwa anali munthu waulemu. Anathokoza, nanena kuti amva. Koma maso awo anali pa chitseko cha chipinda, ndipo kwa Mzime sanayang'aneko. Mawu oona sapoletsa bala tsiku lomwelo.

A Nkhalakale anakakhala pambali pa Mzime. Sanamusisite paphewa, sinali mbali yawo imeneyo. Anamuuza motsitsa mawu kuti pansanja paja wachita bwino, ndipo asalole munthu kumuuza zina.

"Koma mphamvu imene unagona nayo pakhomo paja," anawonjeza, "inkafunika m'mawa, asanatsike. Ndikukuuza chifukwa ukadali mwana, ndipo mathanki akuchulukirachulukira."

Apa ndi pamene misozi ya Mzime inatuluka. Anawerama kuti abise nkhope, ndipo anazindikira kuti m'manja mwake munali lamba uja. Anali atachoka naye kufakitale, n'kukwera naye galimoto, osadziwa.

Magetsi a pakhonde atayatsidwa, namwino anatsegula chitseko. Ananena kuti wodwala watsegula maso ndipo amuchotsa pa makina, koma ndi wofooka kwambiri, choncho alowe munthu mmodzi yekha. Mlamu wake wa Mzime anaimirira msanga, nkhope itawala. Koma namwinoyo anali asanamalize. Anati wodwalayo akukumbukira kuti winawake anamunyamula paphewa, ndipo chitsegulireni maso akungofunsa za munthu mmodzi, wotchedwa Machesi. A chipatala sanamuyankhe, chifukwa nkhani yotere ndi ya abale.

Mlamu uja anakhalanso pansi pang'onopang'ono, atagwira mimba, akupukusa mutu. Aliyense anayang'ana amayi. Amayi, kwa nthawi yoyamba chikhalireni pa benchi paja, anamuyang'ana Mzime m'maso.

"Pita ndiwe. Unaona zonse uli pamwamba. Ukamuuze."

Mzime anaimirira. A Nkhalakale anatambasula dzanja kuti amulandire lamba, koma iye sanawapatse. Anayenda mpaka pachitseko, nachikankha pang'ono. M'chipindamo munali bedi limodzi lotchingidwa ndi nsalu, ndipo kuseri kwa nsaluyo munthu anamva mapazi. Mawu amene anatuluka anali osasa, ang'onoang'ono, osakhala a munthu amene ankadzaza thanki ndi nyimbo m'mawa womwewo.

"Machesi, ndiwe?"